Nkhuku Yomwe Inagwetsa a Kachingwe

Madalo ndi Chikondi, ana anga, Khirisimasi iliyonse nkhuku ikangofika patebulo mumayang'anana n'kuyamba kuseka, wina n'kufunsa m'Chingerezi chanucho ngati imeneyinso ndi ya kampeni. Ine ndimaseka nanu n'kutola khosi. Nkhaniyi munaimva m'zidutswa, kwa amayi anu ndi kwa anthu a kutchalitchi, ndipo zidutswazo zimandikomera kuposa mmene zinakhalira. Tsopano poti msana wandikhazika pansi ndisanafike zaka zopumira ntchito, ndati ndiilembe yonse m'chiyankhulo chomwe ndinalakwa nacho. Mukakakamira powerenga, funsani agogo anu a Tembo. Ndinakawapempha chilolezo ndisanagwire cholembera. Anati, "Lemba, koma mau aja usalembe. Tinadya kudala," ndiko kuti kalekale.

Chaka choyamba, ku Mississauga

Za ubwana sindichulukitsa. Sukulu ndinalekezera Fomu 2 ku Balaka, nditakankha mphunzitsi yemwe anandimenya ndi rula pamaso pa atsikana. Bambo anga anati ndikapepese, ine ndinati bola ukondakitala wa minibasi. Ndinaugwiradi, ndipo m'minibasimo ndi momwe ndinakumana ndi amayi anu, akupita kusukulu ya unamwino. Iwo ndiwo anatsogola kubwera kuno kutsidya kwa nyanja kudzasamalira okalamba. Ine ndinatsatira pambuyo ngati chikwama chochedwa.

Ntchito yanga yoyamba inali yopakira makatoni m'nyumba yaikulu yosungiramo katundu ku Mississauga. Kuchokera ku Scarborough komwe tinkakhala kunali kukwera basi, sitima yapansi pa nthaka, kenako basi ina, ndipo ndinkafika zala zitauma ngati chinangwa. Magolovesi sankakwana. Amene wafika mochedwa ankagwira makatoni ozizira ndi manja okha, ndipo wochedwa ankakhala ine. Supavaiza wathu anali kamnyamata kocheperapo kwa ine, ndipo kankaitana munthu ndi chala chimodzi, chokoloweka m'mwamba. Kwathu chala chotere timaitanira galu. Ndinapirira mpaka chipale chitayamba kusungunuka, kenako tsiku lina ndinaponya katoni pamapazi pake n'kumuuza zonse zomwe ndinasunga, theka m'Chingerezi, theka m'Chichewa cha pasiteji ya minibasi. Asanafike masana anali atandilanda khadi lolowera. Amayi anu sanakalipe. Anangoti, "Lackson, kuno kulibe minibasi yoti uthawireko."

Chaka chachiwiri ndi zaka zotsatira, ku koleji

Lamulungu lotsatira, titatuluka m'holo ya sukulu yomwe mpingo wathu unkabwereka, anandiitana a Kachingwe. Inu mumawadziwa ngati mawu a pafoni ochokera ku Mulanje, koma nthawi imeneyo anali mkulu wa mpingo, bambo wamfupi, wa imvi za m'mbali, woyenda ngati akuyendera makalasi. Kwathu anali mphunzitsi wamkulu wa pulayimale kwa zaka zambiri. Kuno mapepala awo sanawerengedwe kanthu, ndiye anagwira mopu pa koleji ina m'tauni, mpaka anakhala kapitawo wa okolopa.

"Ndiwe mwamuna wa Esinati?" anafunsa. "Ndamva kuti pakamwa pako pamathamanga kuposa mutu."

Ndinafuna kuyankha, koma amayi anu anandiponda phazi.

"Lolemba ubwere. Ndikakuikira dzina langa kwa abwana. Usamale nalo, ndilibe lina."

Umu ndi momwe ndinalowera pa koleji, ndipo ndinakhalapo mpaka msana unandichotsa. Tinkakolopa makalasi, kusuntha mipando ya mayeso, kuwaza mchere wosungunula chipale pamasitepe m'nyengo yozizira. Mabwana ankasinthasintha. Wina anali mayi yemwe ankatsekera sopo m'kabati ngati shuga wa alendo. Wina sanaphunzire dzina la aliyense wa ife, tonse tinali "anzanga". Munthu akapuma ntchito sankalembanso wina, nyumba yomwe ankakolopa ankangoigawira otsala. Makina opukutira pansi anafa chaka china n'kukhala pakona nyengo yonse yozizira, ife tikulimbana ndi matope a nsapato za ophunzira ndi mopu. M'zaka zimenezo ndinakangana ndi mlonda, ndinakangana ndi pulofesa yemwe anaponda pomwe ndinali nditangokolopa, ndipo ulendo uliwonse a Kachingwe ankalowa mu ofesi atavula chipewa n'kutuluka ndi ntchito yanga m'manja. Panjira ankangoti, "Dzina lija likutha, Lackson. Latsala pang'ono ngati sopo."

Kukhitchini ya koleji kunali Amai Tembo, a ku Katete ku Zambia, omwe inu mumawati agogo. Anafika pa koleji a Kachingwe asanafike. Sanali mkulu wa khitchini pamapepala, koma ophika onse, a ku Philippines, a ku Sri Lanka, a ku Jamaica, ankayang'ana nkhope yawo asanavomere chilichonse. Ukawalonjera m'chinenero chathu, chipande chawo chinkalemera. Ine ankanditcha "Malawi wamoto". Amuna awo anamwalira kalekale, ndipo mwana analibe. Tonse tinkadziwa, ndipo palibe yemwe ankaitchula nkhaniyo.

Chaka chachisanu ndi chinayi, chipale chikusungunuka

Pa koleji pali bwalo la akuluakulu lomwe amalitcha senete. Mumakhala mapulofesa, oyendetsa koleji, ophunzira angapo, ndi mpando umodzi wokha wa ife ogwira ntchito zina: okolopa, ophika, a mulaibulale, a m'maofesi. Mpando umenewo nthawi zonse ankautenga a m'maofesi popanda wopikisana nawo, poti ife sitinkadziwa n'komwe kuti ulipo. Chaka chimenecho kunamveka mphekesera yoti ukolopi ndi khitchini aziperekedwa kwa kampani yakunja. Senete siyomwe inkagamula zimenezo, koma nkhani inkayamba yamveka kumeneko isanapite kwa ogamula. Anthu anapita kwa a Kachingwe n'kuwapempha kuti aime. Anakana kawiri monga mwa ulemu, kachitatu anavomera. Sabata yomweyo anagula jekete labulawuni m'sitolo ya kaunjika n'kulipachika m'loka yawo yosungiramo zovala kuntchito, lili m'pepala la pulasitiki. Ndinawapeza tsiku lina akulisisita phewa. Anatseka loka msanga ngati ndawagwira akuba.

Wopikisana nawo anali Derek, wa mu ofesi ya makompyuta. Ndisamunamizire, sanali munthu woipa. Ankadziwa kulemba maimelo ndi kupanga zithunzi zomata pakhoma. Ine ndinalibe zimenezo, ndinali ndi miyendo ndi pakamwa. Ndinakampena nyumba ndi nyumba, ndili ndi ndowa m'manja, mpaka a mulaibulale ambiri anati a Kachingwe ndi munthu woyenera. Lamulo linali loti wopambana apeze mavoti oposa theka. Akalephera onse, awiri apamwamba abwerezenso.

Kenako, tsiku lotseka mayina, tinamva kuti Amai Tembo nawonso aima.

Ndinapita kukantini nthawi ya nkhomaliro magazi akuwira. Mzere unali wautali, ophunzira ndi antchito, ndipo pambali pa Amai Tembo panali atsikana awiri a ku Lusaka omwe ankagwira ganyu m'khitchinimo.

"Amai, mwaganiza bwanji kugawa mavoti athu?"

"Athu a ndani, iwe Malawi wamoto? Voti yako ni yako, yanga ni yanga. Ufuna mpunga olo mbatata?"

"A Kachingwe akuimira tonse."

"Tonse? Anabwerapo liti kuona mafuta yamene yatiwotcha manja? Imwe amuna a mopu mukamba chabe za mopu."

"Ajatu ndi mphunzitsi. Inu mukawauza chiyani mapulofesa? Mtengo wa anyezi?"

Anaika chipande pansi n'kundiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kunsapato. "Nanga iwe wokamba za masukulu, unafika fomu chani?"

Atsikana aja anaphulika kuseka. Mlonda wina wa ku Dedza yemwe anali kumbuyo kwanga anasekanso. Ndinamva ngati ndabwerera m'kalasi muja ku Balaka, rula ili m'mwamba. Ndipo ndinayankha. Mawuwo sindiwalemba, ndinalonjeza. Dziwani chabe kuti anali okhudza kusakhala ndi mwana kwawo, ndipo ndinawasankha dala, podziwa pomwe pali bala. Ndinawanena mokweza, m'Chichewa. Azungu ndi ena onse mumzeremo sanamve kanthu, anapitiriza kuyang'ana mafoni awo. Koma anthu anayi anamva, ndipo kuseka kunazima ngati wathira madzi pamoto. Amai Tembo anatola chipande, anandiikira mpunga, anathira nyemba, osachepetsa ngakhale pang'ono, n'kuitana wotsatira. Mbale imeneyo ndinakaisiya patebulo osaikhudza.

Tinavota sabata imeneyo. Palibe anafika theka. Derek anatsogola pang'ono, a Kachingwe anamutsatira pafupi kwambiri, Amai Tembo anakhala achitatu ndi mavoti a khitchini yonse. Chisankho chachibwereza anachiika kumapeto kwa mwezi. Ngakhale ine wa Fomu 2 ndinatha kuona masamu ake: komwe khitchini ipite, mpando upita komweko.

A Kachingwe anandipeza m'kachipinda kosungiramo mopu. Anatseka chitseko.

"Ndamva kwa mlonda. Ndi zoona?"

"Anayamba ndi iwo, bambo. Anandiseketsa."

"Ndakufunsa ngati ndi zoona."

Ndinawerama.

"Mavoti uwaiwale. Ngakhale ndikanakhala kuti sindikupikisana ndi munthu, ukanapita basi. Mayi uja ndi msinkhu wa amayi ako."

Kunyumba amayi anu atamva anakhala pampando osavula ngakhale yunifolomu. Iwe Madalo unali wakhanda, ukukwawa pakapeti. Kenako amayi anu anati, "Mlandu woterewu sutha ndi sole wa pakamwa. Pafunika nkhuku, ndiponso munthu wamkulu wokuyankhulira. Iwe wekha ukangokawonjezera." Mukudziwa inu kuti kwathu, ukalakwira munthu wamkulu kwambiri, sumapita wekha. Wamkulu wako ndiye amayankhula, ndiye amapereka nkhuku ndi manja ake, iwe uli chogwada. Wolakwiridwa akalandira, mlandu watha, ndipo sutchulidwanso, kaya ndi iye, kaya ndi iwe, kaya ndi mboni. Nkhuku yamoyo kuno ukaipeza kuti? Ndinakagula yowuma ndi ayezi m'sitolo ya zakudya za kwathu ku Scarborough, nkhuku yolimba ija yokalamba, yaikulu kuposa zonse mufiriji. Nanga munthu wamkulu? Funso limenelo sitinalifunse n'komwe. Bambo anga kuno anali a Kachingwe. Palibe mwa ife atatu yemwe anaganiza kuti bambo angawo ndi munthunso yemwe dzina lake lili pa pepala lovotera.

Amai Tembo ankakhala ku Mississauga ndipo foni yanga sankayankha. A Kachingwe anati tidikire, titume mayi wina wa kumpingo akatipemphere tsiku, chifukwa mlandu umakambidwa pakhomo pa munthu. Ine ndinati ayi, tikawapeze kuntchito mawa lomwe. Ndinawauza kuti mtima sukundipatsa tulo. Zinali zoona pang'ono. Koma zoona zambiri zinali zoti ndinkayang'ana tsiku la chibwereza likuyandikira. Pomaliza anavomera. Pa moyo wanga wonse ndi ulendo wokhawo womwe a Kachingwe anamvera nzeru zanga.

Tinawapeza masana pa nthawi yopuma, kuseri kwa khitchini, pafupi ndi migolo ya zinyalala. Pansi panali chipale chosungunuka chosakanikirana ndi mchere. Ndinagwada momwemo, madzi n'kulowa m'buluku. A Kachingwe anavula chipewa n'kuyankhula mawu onse oyenera: kuti mwana wawo wapsa pakamwa, kuti wosamulera bwino ndi iwo, kuti abwera chokwawa. Kenako anatambasula manja onse awiri ndi nkhuku ija ili m'jumbo, miyendo yake itatulukira kunja. Amai Tembo anatisiya choncho mpaka maondo anga anachita dzanzi. Pomaliza anapukuta manja pa epuloni n'kulandira.

"Nalandira. Yasila. Nyamuka iwe, uzadwala."

Pamasitepe a pamwamba pathu panali munthu akusuta fodya. Ndinamuona, koma sindinalabadire kuti wanyamula foni.

Sabata yomaliza chibwereza chisanachitike

Chithunzi chomwe anatijambula chinazungulira koleji yonse tsiku lisanathe. Ine simunkandiona bwino, mutu wanga wokha pansi pakona. Chomwe chinkaoneka chinali wopikisana pa chisankho, chipewa m'khwapa, akupereka nkhuku kwa mayi yemwe wagwira mavoti ogamula. Malamulo a chisankho ankaletsa wopikisana kupereka mphatso iliyonse kwa wovota, ngakhale kapu ya khofi. Wina wa mbali ya Derek anakadandaula, ndipo komiti yoyendetsa chisankho inatiitana tonse atatu.

Dzulo lake ndinauza amayi anu kuti ndikaulula zonse. Anati, "Ukaulula m'Chingerezi, pamaso pa anthu, akulemba? Ukudziwa kuti mawu aja kuno amachotsetsa munthu ntchito?" Ndinati ndikudziwa. Ndinadziguguda pachifuwa kukhitchini kwathu ngati mwamuna weniweni.

Chipindacho chinali pamwamba pa nyumba ya oyendetsa koleji. Tebulo lake ndinali nditalipukuta kambirimbiri, koma kukhalapo kanali koyamba. Wapampando anali pulofesa wamkazi wa magalasi, wodekha, ndipo zonse zinkayankhulidwa m'Chingerezi. A Kachingwe anafotokoza bwinobwino, ngati ali m'kalasi, kuti nkhukuyo sinali ya mavoti, unali mwambo wa kwathu wopepesera, ndipo iwo anangoyankhulira mnyamata wawo. Mayiyo anamvetsera, analemba, kenako anati:

"Ndikufuna kukukhulupirirani. Koma ena anena kuti mwambo wabwera pa nthawi yabwino kwambiri. Ngati panali cholakwa chenicheni, tiuzeni chomwe chinali, tichilembe, dandauloli tilitaye lero lomwe. Mukapanda kutero, sitikuchotsani, koma tiyenera kulembera ovota onse kuti mphatso inaperekedwa ndipo chifukwa chake sichinafotokozedwe."

A Kachingwe anati, "Pepani, mayi. Nkhuku ikalandiridwa, nkhani imeneyo ilibenso pakamwa."

Anatembenukira kwa Amai Tembo. Iwo anati, "Anandilakwira, anabwera ndi wamkulu wake, ndinalandira. Zatha."

"Koma anachita chiyani?"

"Zatha, mayi."

Ndiye maso onse anabwera kwa ine. Ndinakankha mpando n'kuyamba kuimirira. Mawu anali okonzeka, ndinali nditawamasulira kale m'mutu. Ndinaona bambo wa komiti atakonza zala pa kompyuta kuti alembe. Pamenepo ndinazindikira chomwe ndinali pafupi kuchita. Mawu omwe anamva anthu anayi okha akanalowa m'chinenero chomwe koleji yonse imamva, akanalembedwa, akanawerengedwa m'maofesi, ndipo mayi uja akanaima kuseri kwa mapoto ake aliyense wodutsa ndi mbale akudziwa bala lake. Amai Tembo sanandiyang'ane. Anayang'ana manja awo ali patebulo, manja a zipsera za mafuta, n'kunena motsitsa m'chinenero chathu:

"Nkhala pansi, mwana wanga."

Ndinali pakati, osaima osakhala. Kumanja kwanga kunali munthu yemwe anandiikira dzina lake, ndipo mawu anga okha ndiwo akanamuyeretsa. Kumanzere kunali mayi yemwe ndinamunyoza kuti alibe womutcha mayi, akunditcha mwana wake. Ndinakhala pansi. Ndinauza wapampando kuti ndilibe chowonjezera.

Apa ndi pomwe anthu a kutchalitchi amaikometsera nkhaniyi. Amati Lackson tsiku limenelo anaphunzira kugwira lilime, anasunga mwambo, anateteza mayi wamasiye. Ndimawasiya anene. Koma inu ndinu ana anga. Pomwe ndinkakhala pansi paja, mumtima mwanga munadutsa kamphepo kozizira bwino, kachisangalalo, koti ntchito yanga yapulumuka. Ndinakamva bwinobwino. Mpaka lero sindidziwa kuti chinandikhazika pansi n'chiyani, mawu a mayi aja kapena lendi ya nyumba. Ndafunsa mtima wanga zaka zonsezi ndipo umandiyankha mosiyanasiyana.

Imelo ya komiti inapita kwa ovota onse. Mawa lake pa chithunzi cha a Kachingwe cha pakhoma la laibulale wina anajambulapo nkhuku itaima paphewa. Ophunzira ankalira ngati tambala tikamadutsa ndi ndowa. Anthu a mulaibulale omwe ndinawakopa ndi miyendo yanga anayamba kuyang'ana kumbali. Mmodzi, mayi wachifundo ndithu, anandikokera pambali n'kunena kuti amamvetsa kuti kwathu zisankho zimayenda choncho, koma kuno ayi. Lackson wakale akanagwetsa mashelefu. Ndinangoti zikomo.

Tsiku la chibwereza ndi pambuyo pake

Khitchini yonse inavotera a Kachingwe. Amai Tembo anawatsogolera okha kukavota, ali m'maepuloni, ngati gulu la amayi a chigwirizano. Koma omwe tinataya m'maofesi ndi mulaibulale anachuluka pang'ono kuposa omwe tinapeza. Derek anapambana ndi mavoti ochepa moti eni ake akanakwana pa tebulo limodzi la m'kantini. Anabwera yekha kudzagwira a Kachingwe chanza n'kunena kuti chithunzi chija sanatume ndi iye. Ndikukhulupirira kuti ankanena zoona.

Titaweruka, a Kachingwe anatsegula loka n'kutulutsa jekete lija, likadali m'pepala lake. Tinakwera sitima yapansi limodzi kulowera kum'mawa, iwo atalipinda pamiyendo. Titadutsa masiteshoni angapo ndinati:

"Bambo, ndikanayankhula."

"Ukanayankhula, mwina ndikanapambana. Kenako ndikanakhala pampando paja n'kumadya mpunga wa mayi uja masana aliwonse. Ukanandimezera ndiwe?"

"Komabe ndi ine ndinakukakamizani kuti tipite kuntchito."

"Ndi iwe, inde."

Sitima itatulukira kunja, kuwala kutagwa pamawindo, anasisita pepala lija n'kunena osandiyang'ana:

"Koma ndinkaufuna, Lackson. Usadzaganize kuti sindinkaufuna. Zaka zonsezi ndimalowa m'chipinda chija cha senete anthu atatuluka. Ndinkafuna ndilowemo kamodzi anthu alimo."

Ndatukwanidwapo m'moyo, ndachotsedwapo ntchito, ndagwadapo m'matope. Palibe chomwe chinandiwotcha ngati mawu amenewo.

Lamulungu lotsatira Amai Tembo anatiitana kwawo, ine, amayi anu ndi a Kachingwe. Anati nkhuku ya mlandu sadya munthu mmodzi. Anali ataisunga mufiriji nthawi yonse ya chisankho. Anaiphika kuyambira m'mawa koma inali yolimbabe ngati tayala.

"Iwe Malawi wamoto, iyi nkhuku unagula olo unafukula? Inavotako pa ufulu wa dziko iyi."

A Kachingwe anaseka mpaka kutsokomola, koyamba chichitikire chisankho. Amai Tembo anawaikira nthutumba monga mlendo wolemekezeka. Amayi anu analandira ntchafu. Ine anandiponyera khosi.

"Idya iyo. Uzikumbuka kwamene mau yapitira yakalibe kutuluka."

Iwe Madalo unayamba kulira, amayi ako manja ali ndi mafuta. Amai Tembo anakunyamula, anakuika kumsana ndi chitenje chawo n'kumayendayenda nawe m'chipindamo mpaka unagona. Pochoka anati Loweruka tizikubweretsa, poti tonse tinkagwira mashifiti. Umu ndi momwe munapezera agogo. Simunawapeze chifukwa cha ubwino wa bambo anu.

Patapita zaka ziwiri, nyumba zina za koleji anazipereka ndithu kwa kampani yakunja, ndipo anzathu angapo anachoka. Sindinganene kuti a Kachingwe akanaletsa. Mpando umodzi ndi umodzi. Koma sindinganenenso kuti sakanaletsa, chifukwa munthu uja ankadziwa kuyankhula ndi anthu ophunzira, ndipo mwayi woyesa ndinawalanda ndine. Chisankho chotsatira anthu anawapemphanso kuti aime. Anakana katatu konse. Ophunzira atsopano, omwe sankadziwa n'komwe chiyambi chake, ankawatchabe bambo a nkhuku mpaka tsiku lomwe anapuma.

Pobwerera kwawo ku Mulanje ndinawaperekeza ku bwalo la ndege. Zikwama zitapita, anatsala ndi jumbo limodzi m'manja n'kundipatsa. Munali jekete lija.

"Kwathu kukutentha, ndipo kulibe senete. Sindinalivalepo. Ukadzaona kuti wakhazikika, udzalivale."

Ndi lija lili kumapeto kwa kabati yanga, m'pepala la pulasitiki, lomwe iwe Chikondi unafuna kukapereka ku kaunjika chaka chatha ndipo ndinakukalipira mpaka unalira. Pepa mwana wanga, sunkadziwa. Nkhani ino ndiyo yankho la kukalipa kuja. Musalitaye. Ndinaliyesa kamodzi pagalasi, inu mutapita kusukulu, ndipo limandikwana bwinobwino. Ndinalivula n'kulibwezera m'pepala.